Mutu 14: Bambo ndi mwana wamkazi m'mafilimu a Atamil, ndi zimene mkamwini wa ku Thambani angaonemo

Ku Thambani, kummwera kwa boma la Mwanza kufupi ndi malire a Mozambique, mafilimu achimwenye amafika monga amafikira pamisika ina yakumidzi m'Malawi muno: pa memole khadi, pa foni, ndi m'tinyumba ta vidiyo toyendera sola kapena jenereta, kawirikawiri atawaika mawu a mnyamata wofotokoza nkhaniyo m'Chichewa. Tonse timangoti ndi achimwenye, koma India ali ndi malo ambiri opangira mafilimu, ndipo a ku Mumbai olankhula Chihindi ndi gawo limodzi chabe. Kummwera kwa dzikolo kuli chigawo cha Tamil Nadu, chimene pa kalembera wa 2011 chinali ndi anthu oposa 72 miliyoni. Filimu yoyamba yolankhula Chitamil, Kalidas, inatuluka mu 1931, ndipo lero likulu la chigawochi, Chennai, limatulutsa mafilimu ochuluka chaka ndi chaka. Pakati pa nkhani zimene Atamil amabwereza osatopa nazo pali ya bambo ndi mwana wake wamkazi. Ndikufuna kuonetsa kuti nkhani imeneyi ikumukhudza mkamwini wa ku Thambani kuposa mmene munthu angaganizire akaona nkhope ndi zovala za osewerawo, chifukwa bambo wa Chitamil ndi mkamwini onse amalera mwana wamkazi amene mwambo unagamula kale kuti ndi wa ena, ndipo mafilimu abwino mwa amenewa akunena kuti zimenezo si chifukwa chomulerera ndi dzanja limodzi.

Kwa Atamil ambiri mtundu umatsata kuchimuna, ndipo mtsikana akakwatiwa amasamukira kwa mwamuna wake, monga zimakhalira pa ukwati wa malowolo ku Mzimba kapena ku Nsanje. Koma chuma chimayenda mobwerera: makolo a mkazi ndiwo amapereka golide, ndalama, ziwiya, mwinanso njinga yamoto kapena galimoto kwa akuchimuna. India analetsa mwambo umenewu ndi lamulo la 1961, koma sunathe. Motero bambo wa Chitamil akamva kuti kwabadwa mwana wamkazi, tsiku lomwelo amadziwa kuti ayenera kuyamba kusunga, ndiponso kuti amene akumusungirayo adzapita kukamanga mudzi wa eni. Pambali pa zimenezi, pali zambiri m'banja la Chitamil zimene munthu wa ku Mwanza sangazione zachilendo. Amalume, mlongo wa mayi, ali ndi malo aakulu pa moyo wa mwana. Mtsikana akatha msinkhu amamubindikiritsa masiku angapo, amamusambitsa madzi othira chikasu, ndipo m'midzi yambiri amalume ndiwo amamanga kachisakasa ka masamba a kokonati kokhalamo namwaliyo ndi kubweretsa mphatso. Ukwati wa pachisuweni ngwovomerezeka, ndipo kale unkakondedwa kwambiri. Si anthu amene sadziwa kuti mwana ali ndi eni ake ambiri.

Filimu imene inaonetsa bwino bambo wotere ndi Abhiyum Naanum ya 2008, imene anatsogolera Radha Mohan. Prakash Raj akusewera ngati Raghuraman, mwini munda kumapiri a Coonoor, ndipo Trisha ndiye Abhi, mwana wake mmodzi yekhayo. Mulibe chigawenga m'filimuyi, mulibe mfuti. Muli bambo amene akuchezera usiku pamzere kuti mwana apeze malo kusukulu, amene akuwerenga mabuku pokonzekera mafunso amene sukulu imafunsa makolo, amene mtima uli m'mwamba tsiku limene mwanayo wayamba kupita yekha kusukulu panjinga. Abhi akupita ku Delhi kukapitiriza maphunziro, n'kubwerako atakondana ndi Joginder Singh, mnyamata wa chipembedzo cha Asikh, wa chilankhulo china ndi chakudya china. Raghuraman akupsa mtima, ndipo filimuyi sikubisa kuti mkwiyo wake si wa chipembedzo ayi, ndi wa munthu amene wazindikira kuti salinso woyamba mumtima mwa mwana wake. Mkazi wake ndiye akuona zinthu bwino kuyambira pachiyambi. Pamapeto bamboyo akuvomera, ukwati ukuchitika, Abhi akupita. Palibe chimene wabwezeredwa pa zaka zonse zija, ndipo filimuyi sikumuona ngati munthu amene waluza.

Ku Thambani zinthu zimayenda mosemphana ndi zimenezi. Mabanja ambiri m'boma la Mwanza amatsata chikamwini, ngakhale amene amadzitcha Angoni. Mwana wamkazi sachoka. Ndiye mwini mudzi wa mawa, ndiye adzalandire munda wa mayi ake, ndipo mwamuna wake adzabwera kudzamanga pompo. Amene ali mlendo ndi bambo. Anabwera ndi khasu ndi nkhwangwa, anapatsidwa malo omanga ndi polima, ndipo akudziwa kuti ukwati ukatha, kapena mkazi akamwalira iye n'kusudzulidwa, adzanyamula zovala zake kubwerera kwawo, ana n'kutsala. Mwinimbumba ndi amalume. Ankhoswe amene adzaunikire ukwati wa mwana wake wamkazi adzachokera kuchikazi, ndipo pa milandu yaikulu ya anawo mawu ake amabwera pambuyo. Akulu anachita kuikapo mwambi woti mkamwini asamakule mwendo. Mu 1950 katswiri wa chikhalidwe cha anthu Audrey Richards, amene anakhala pakati pa Abemba ku Zambia, analemba za chothetsa nzeru chimene chili m'mabanja otsata kuchikazi m'chigawo chino cha Africa: mwamuna ali ndi ulamuliro pa ana a mlongo wake amene amakhala kutali naye, pomwe ana amene amadya nawo mbale imodzi ali m'manja mwa mwamuna wina. Bambo wa Chitamil amataya mwana wake tsiku la ukwati. Mkamwini amauzidwa kuyambira tsiku lobadwa mwanayo kuti sanali wake kwenikweni.

Apa ndi pamene pagona vuto limene aliyense wokhala m'midzi ya chikamwini analimvapo. Amuna ena amasandutsa mwambowu chobisalirapo. Ikafika nthawi ya fizi ndi yunifolomu amati apite kwa amalume awo; amalumewo nawo amati ali ndi ana awo, ndipo masiku ano aliyense asamale ake. Mwana amagwera pakati, ndipo amene amayamba kugwa ndi wamkazi, chifukwa iye ali ndi kolowera kumene onse akukuona, ndiko kubanja. Mwanza ndi kwawo kwa manachesi, ndipo maganizo amene amaletsa mkamwini kubzala mtengo wa manachesi pamunda wa mkazi wake poti sadzakhalapo podzathyola, ndi omwewo amene amamuletsa kulipirira mwana wamkazi Fomu 1 poti phindu lake lidzapita ku mbumba ya eni. Kafukufuku wa boma wa za chiwerengero cha anthu ndi zaumoyo wa 2015 mpaka 2016 anapeza kuti amayi 42 mwa 100 alionse a zaka 20 mpaka 24 m'Malawi anakwatiwa asanafike zaka 18, ndipo atsikana 29 mwa 100 a zaka 15 mpaka 19 anali ndi mwana kapena ndi pakati. Sindikunena kuti chikamwini ndicho chinabala ziwerengero zimenezi, pakuti kumadera a malowolo maukwati a ana aliponso, ndipo umphawi ndiwo muzu waukulu. Ndikunena kuti pamene bambo akudziona ngati wongobwereka, mtsikana amasowa munthu mmodzi amene akanaima naye.

Thanga Meenkal ya 2013 ndiyo filimu imene ndikanakonda bambo aliyense wosauka ataiona. Anaitsogolera Ram, ndipo iye mwini akusewera ngati Kalyani, munthu amene sukulu inamukanika, amene amapukuta ziwiya zasiliva pa malipiro osakwanira kanthu, ndipo akukhalabe m'nyumba ya bambo ake, mphunzitsi wamkulu wopuma ntchito. Alibe ulemu pakhomo, monga mmene mkamwini wopanda kanthu amausowera. Mwana wake Chellamma, wa zaka zisanu ndi zitatu, akuvutika pa sukulu yolipira imene aphunzitsi ake amamutcha mbuli. Kalyani alibe fizi, koma ndiye yekha amene amamvetsera mwanayo akamalankhula, amene amadziwa chimene chimamuopsa, amene amapita kusukulu kukafunsa chifukwa chimene akumunyozera. Atakangana ndi bambo ake akupita ku Kochi, m'chigawo cha Kerala, kukagwira ntchito yaulonda, ndipo ali komweko akuzunzika kufunafuna ndalama zogulira kagalu kamene mwanayo anakaona pa chithunzi chotsatsa malonda a Vodafone. Woonera amafika pokwiya naye, chifukwa kagaluko si chinthu chanzeru. Koma chimene akuchita pamapeto ndi chanzeru: akumuchotsa mwanayo pa sukulu yodula imene inkamupha mtima, n'kumuika pa sukulu ya boma pamene pali mphunzitsi womumvetsa. Filimuyi inapata mphoto zitatu za dziko lonse la India: ya filimu yabwino ya Chitamil, ya mwana wosewera bwino imene analandira Sadhana, ndi ya mawu a nyimbo imene analandira Na. Muthukumar. Chimene ikuonetsa ndi chakuti bambo amene alibe munda, alibe ndalama, alibenso mawu pabwalo, akadali ndi maso ndi makutu, ndipo mwana amene amadziwa kuti bambo ake amamuona amayenda mosiyana ndi amene sadziwa.

Mafilimu ena awiri akufika pafupi kwambiri ndi funso loti mwana ndi wa yani. Mu Deiva Thirumagal ya 2011, imene A. L. Vijay anaitengera pa filimu ya ku America ya I Am Sam, Vikram akusewera ngati Krishna, munthu wamkulu wa nzeru za mwana wamng'ono, wogwira ntchito pamalo opangira chokoleti ku Ooty. Mkazi wake akumwalira atangobereka, iye n'kulera yekha mwanayo, Nila, mpaka apongozi ake olemera atabwera kudzamulanda. Mlandu ukupita kukhoti, ndipo mkamwini aliyense amene anasudzulidwa maliro atatha n'kusiya ana akulira adzauzindikira mlandu umenewu. Krishna akupatsidwa mwanayo, koma kenaka akumubweza yekha kwa mng'ono wa malemu mkazi wake, chifukwa akuona kuti kumeneko ndi kumene angaphunzire mpaka kukhala dokotala. Sanamenyere nkhondo kuti mwanayo akhale chuma chake. Mu Kannathil Muthamittal ya 2002, ya Mani Ratnam, mulibe ngakhale ubale wa magazi. Mlembi wina, amene akuseweredwa ndi Madhavan, akuona khanda mumsasa wa othawa nkhondo ya ku Sri Lanka ku Rameswaram, n'kulitenga. Tsiku limene mwanayo, Amudha, wakwanitsa zaka zisanu ndi zinayi akumuuza zoona, ndipo mwanayo atalimbikira, iye ndi mkazi wake akupita naye pakati pa nkhondo kukafuna mayi womubala. Anthu a ku Mwanza safuna kuwafotokozera nkhani yotere. Pa nkhondo ya ku Mozambique, imene inatha mu 1992, Malawi anasunga othawa kwawo oposa miliyoni imodzi, ambiri a iwo m'maboma a m'malire ngati lino, ndipo mu 2016 zikwizikwi za anthu ochokera ku Tete anafikanso pa Kapise asanawasamutsire ku Luwani, ku Neno. M'midzi ya m'malire muno, kulera mwana amene sunabale si nthano ya pakanema.

Palinso bambo wokhala kutali. Msewu wa ku Joni umadutsa pa chipata cha Mwanza, kuwolokera ku Zobue, kudzera ku Tete ndi ku Zimbabwe, ndipo amuna akhala akuchoka m'midzi yathu kuyambira nthawi ya Wenela. Ndege ya Wenela itagwa ku Francistown mu Epulo 1974 n'kupha Amalawi oposa 70, Kamuzu Banda anaimitsa ulendo wa kumigodi. Unayambiranso pansi pa Teba mpaka 1988, ndipo lero anyamata amapita okha pa basi. Mwamuna wa ku Tamil Nadu amapita ku Dubai kapena ku Singapore pa chifukwa chomwecho. Peranbu, filimu ina ya Ram, imene inaonetsedwa koyamba ku Rotterdam mu 2018 n'kutuluka ku India mu 2019, ikufunsa chimene chimatsala pakati pa bambo wotere ndi mwana wake. Mammootty akusewera ngati Amudhavan, amene wakhala zaka zambiri ku Dubai akutumiza ndalama. Mkazi wake watopa ndipo wachoka, n'kumusiyira Paapa, mtsikana wa zaka 14 amene anabadwa ndi vuto la mu ubongo lomwe limaumitsa manja ndi miyendo. Mwanayo sakumufuna, chifukwa sakumudziwa. Ndalama za zaka zonse zija sizinagule ngakhale kumwetulira kumodzi. Bamboyo akuyamba pansi: kumudyetsa, kumuteteza kwa anansi omunyoza, ndi kuphunzira chochita pamene mwanayo wayamba kusamba pakhomo popanda mayi kapena azakhali. Akufika potaya mtima mpaka kufuna kudzimiza m'nyanja pamodzi ndi mwanayo, ndipo akupulumutsidwa ndi munthu amene dziko nalonso linamutaya. Filimu imeneyi ndi yolemera kuionera, koma ndiyo yoona kuposa onse, chifukwa sikunamiza bambo kuti chikondi chimabwera chokha ndi magazi kapena ndi ndalama zotumiza pa foni.

Wina adzati zonsezi ndi zopeka zobisa zoona zowawa, ndipo ali ndi umboni. Tamil Nadu yemweyo amene amalira m'nyumba zoonetsera kanema ndiye anatchuka m'zaka za m'ma 1980 ndi kupha makanda aakazi kumadera a Usilampatti ndi Salem, makamaka poopa chuma cha paukwati. Zinafika poti mu 1992 boma la chigawochi, lotsogozedwa ndi Jayalalithaa, linaika timabedi ta makanda m'zipatala za ku Salem kuti amene sakufuna mwana wamkazi azimusiya m'menemo m'malo momupha, ndipo mu 1994 India anakhazikitsa lamulo loletsa madokotala kuuza makolo ngati mwana wa m'mimba ndi wamwamuna kapena wamkazi. Izi n'zoona, ndipo aliyense wokonda mafilimuwa ayenera kuzidziwa. Koma opanga mafilimu a Chitamil sanazibise. Karuththamma ya Bharathiraja, ya 1994, ikuonetsa bambo weniweni akulamula mzamba kuti aphe khanda lake lalikazi. Chaka chomwecho Kamal Haasan, mu Mahanadhi, anasewera ngati bambo amene akutuluka m'ndende n'kukapeza mwana wake atagulitsidwa kumalo a uhule ku Kolkata. Mafilimu a bambo wachikondi anabadwira pakati pa zinthu zimenezi, ndipo ndi mbali ya mkangano umene Atamil akhala nawo okhaokha pa za mtengo wa mwana wamkazi. Mkangano womwewo ndi umene unachititsa Tamil Nadu kupatsa ana aakazi gawo lofanana ndi la aamuna pa chuma cha makolo mu 1989, zaka 16 India yense asanatero mu 2005. Filimu siinalembe lamulolo, koma dziko limene mamiliyoni a amuna amaona mwamuna mnzawo akunyadira mwana wamkazi pamaso pa anthu silikhala chimodzimodzi ndi limene saonako zotere.

Chitsutso chachiwiri ndi cholimba kuposa choyamba, ndipo mbali yake ndikuivomereza. Mafilimu ambiri a mtundu umenewu amamuchotsa mayi panjira, mwina pomupha pachiyambi, mwina pomusandutsa wokalipa, kuti bambo awale yekha, pomwe m'moyo weniweni, ku Tamil Nadu ngakhale ku Thambani, amene amadzuka usiku mwana akatentha thupi ndi mayi. Choipa kwambiri n'chakuti mafilimu amene amafika msanga m'tinyumba ta vidiyo ndi a zibakera. Mu Theri ya 2016 wosewera wotchedwa Vijay ndi wapolisi wakale amene akubisala ndi kamwana kake kenaka n'kupha adani ake onse. Mu Viswasam ya 2019 Ajith Kumar akulondera mwana wake ndi nkhonya. Mu Papanasam ya 2015 bambo akubisa mtembo kuti apulumutse banja lake. Mu Maharaja ya 2024 wometa tsitsi akubwezera anthu amene anachitira mwana wake nkhanza. M'mafilimu otere mtsikana amasanduka chinthu cholondera, ndipo kuchoka pa kulondera kufika pa kulamulira ndi pafupi. Mu Malichi 2016, ku Udumalpet, ku Tamil Nadu komweko, mnyamata wa gulu lonyozeka la Adalit anaphedwa masanasana pamsewu chifukwa chokwatira mtsikana wa fuko lodziyesa lapamwamba, ndipo mtsikanayo, amene anavulazidwa koma anapulumuka, anakachitira umboni wotsutsa makolo ake m'khoti. Chikondi chimene chimati wanga ndi wanga chimatha kufika pamenepo. N'chifukwa chake sindikuyamikira mafilimu onse a bambo ndi mwana wamkazi mosasankha. Amene ndawakhalira nthawi m'mwambamu akusiyana ndi a zibakerawo pa chinthu chimodzi chachikulu: Raghuraman, Kalyani, Krishna ndi Amudhavan onse akufika pamene chofuna chawo chikutsutsana ndi chimene mwanayo akufunika, ndipo onse akugonja.

Munthu wa kwathu kuno angadandaule mosiyana, kuti kukweza bambo ndi kugwetsa chikamwini, chimene chateteza amayi kwa zaka mazanamazana. Dandaulo limeneli ndi lomveka. Mkazi wa pachikamwini ali pamudzi pawo, pakati pa abale ake. Ukwati ukatha sathamangitsidwa, munda sulandidwa, ndipo kubadwa kwa mwana wamkazi ndi chimwemwe chifukwa mudzi wakula. Palibe mayi wa ku Thambani amene anafunikapo kabedi ka ku Salem. Mtsikana wa Chitamil akanasirira zimenezi, ndipo sindikufuna kuti chimodzi mwa izo chitayike. Wolemba mbiri Kings Phiri anaonetsa mu 1983 kuti chikamwini cha Achewa chakhala chikusintha kuyambira m'zaka za m'ma 1800, chifukwa cha kubwera kwa Angoni ndi Ayao, amishoni, ulimi wa fodya ndi maulendo a kumigodi, ndipo zambiri mwa zosinthazo zinapatsa amuna mphamvu pa akazi ndi ana. Ngati kuyandikira kwa bambo kukutanthauza kusamutsira banja kwawo mokakamiza ndi kulanda munda wa mkazi, ndiye kuti mtsikana waluza. Koma chimene mafilimu aja akuphunzitsa si ulamuliro. Kalyani sanalande kanthu kwa munthu aliyense. Ndipo mwambo wathu weniweni sunanenepo kuti bambo ndi wopanda pake. Pa chikhulupiriro cha mdulo, mwamuna amene mkazi wake ali ndi pakati kapena ali ndi khanda losatengedwa amayenera kudzisunga, chifukwa akayenda njira zina mwana adzadwala tsempho. Mwana wamkazi akatha msinkhu, makolo onse awiri amadikira mpaka mwambo utatha. Kaya munthu amakhulupirira zimenezi kaya ayi, zikuonetsa kuti makolo athu anamangirira moyo wa mwana pa khalidwe la bambo ake. Amene amati ana ndi a kuchikazi kuti athawe fizi wasankha theka la mwambo limene likumukomera.

Chatsala ndi ulemu. Kwathu mtsikana akakula salowa kuchipinda kwa makolo, amagwada polankhula ndi bambo ake, ndipo za thupi lake amauza azakhali, agogo kapena anamkungwi. Bambo wa pakanema amene amakumbatira mwana wamkulu ndi kumupesa tsitsi amaoneka wachilendo, mwinanso wokayikitsa, ndipo m'dziko limene makhoti amaweruza kawirikawiri milandu ya abambo obala ndi opeza ogwirira ana awo, palibe amene ayenera kuseka mipanda imene makolo anaika. Mipandayo ikhale. Koma palibe mwambo umene umaletsa bambo kudziwa kalasi imene mwana wake ali, dzina la mphunzitsi wake, ndi phunziro limene likumuvuta. Palibe umene umamuletsa kupalasa njinga kumuperekeza pa tsiku la mayeso a Sitandade 8, kapena kufika pamsonkhano wa makolo kusukulu m'malo mosiyira gulu la amayi lokha nkhani zonse za atsikana. Mwana angathe kugwada chapatali n'kumadziwa kuti munthu amene akumugwadirayo ali kumbali yake. Mafilimu athu sanaifike kwenikweni nkhani imeneyi. Ngakhale The Boy Who Harnessed the Wind ya 2019, imene inajambulidwa ku Kasungu ndipo mbali yaikulu ikulankhula Chichewa, ndi ya bambo ndi mwana wamwamuna. Mlongo wa mnyamatayo, amene nayenso anali wanzeru, akuthawa ndi mphunzitsi m'nthawi ya njala kuti pakhomo pachepe pakamwa pamodzi, ndipo nkhani ikupitirira popanda iye.

Pali tsiku limodzi pamene zonsezi zimayesedwa. Mtsikana wa zaka 15 wapezeka ndi pakati, kapena kwabwera mwamuna wochokera ku Joni ndi foni ndi malata, ndipo akuchikazi akhala pansi kukambirana zoti angolowa m'banja. Mkamwini pamenepo amayembekezeka kukhala chete, ndipo ambiri amakhaladi chete, ena mwaulemu, ena chifukwa katundu akuwatsika paphewa. Kale akanatha kunena kuti alibe pogwira. Lero ali napo. Kuyambira 1993 mtsikana amene wabereka amaloledwa kubwerera kusukulu, ndipo kuyambira 1994 sukulu ya pulayimale ndi yaulere. Lamulo losamalira ndi kuteteza ana la 2010 limaika udindo wolera mwana pa makolo ake omubala, osayang'ana kuti banjalo ndi la chikamwini kapena la chitengwa, ndipo lamulo la chuma cha masiye la 2011 limaika mkazi ndi ana patsogolo pa abale ena onse. Lamulo la maukwati la 2015 linakhazikitsa zaka 18 ngati msinkhu wokwatiwira, ndipo mu Febuluwale 2017 Nyumba ya Malamulo inachotsa m'malamulo aakulu a dziko gawo limene linkalola ana a zaka 15 mpaka 18 kukwatiwa makolo akavomereza. Inu bambo amene mwakhala kumapeto kwa mphasa pa zokambirana zoterozo, musadikire kuti akupatseni mpata. Nenani mwaulemu, pamaso pa amalume ndi apongozi, kuti mwanayu abwerera kusukulu ndipo fizi mulipira ndinu. Akakana, pitani kwa mfumu, kwa mphunzitsi wamkulu kapena ku ofesi yoona za chisamaliro cha anthu pa boma la Mwanza, chifukwa ukwati umenewo ndi woletsedwa ngakhale mudzi wonse utauvomereza.